Amayi Anaona Chidebe

Ukafika pamphambano yaikulu, pamene maminibasi amakhotera kumsika, kweza maso. Mtsikana amene akumwetulira pamwambapo, botolo lachikasu lili patsaya, mano ali mbee, ndine. Pansi pake analemba kuti Tsitsimuka, dzina la chakumwacho, ndipo kuyambira tsiku limene anakhoma chikwangwanicho dzina langa lenileni linapita kutchuthi. Makondakitala amandiitana Tsitsimuka. Ana a m'dera lathu amandiitana Tsitsimuka. Ngakhale amayi anga, amene anavutika kundisankhira dzina, akalandira alendo amati, "Tsitsimuka, tawapatsa alendowa chako chija." Ntchitoyi anandipezera ndi achimwene, amene ali ndi udindo pakampani yotsatsa malonda. Sanaiwalepo zimenezo, ndipo salola kuti ine ndiiwale.

Anthu sadziwa kuti kanema wa malonda, amene amatha usanaphethire, amajambulidwa tsiku lathunthu. Umamwa, umamwetulira, wotsogolera amakuwa kuti "basi", n'kuyambiranso. Utati uzimeza zonsezo, mimba ingaphulike dzuwa lisanafike pamutu. Choncho amakuikira chidebe pafupi ndi mwendo, pamene sipaoneka, ndipo akangoti basi umawerama n'kulavula. Palibe chachilendo, ntchito yake imayenda choncho.

Pa chidebe pomwepo ndi pamene ndinakumana ndi Kamera. Anzake amamutchula choncho chifukwa sayenda popanda makina ojambulira m'manja. Tsikulo anangomulemba ganyu yothandiza kujambula. Masana, nsagwada zanga zitauma ndi kumwetulira, anandibweretsera madzi otsukira mkamwa.

"Nkhope imene mumakhala nayo akati basi ndi yokongola kuposa imene akugulayo," anatero.

Amuna ambiri anali atandiuzapo kuti ndine wokongola, koma palibe amene anandiuza nditawerama pa chidebe. Mtima ndi chitsiru. Unagwa pomwepo, ndipo sunafunse kuti nkhopeyo anaiyang'anitsitsa bwanji.

Yankho ndinalipeza titakhala pachibwenzi miyezi ingapo. Kamera ali ndi chizolowezi chake: akati basi, iye sazimitsa makina. Amati choonadi chimayamba anthu akamaganiza kuti kujambula kwatha. Anandionetsa pakompyuta yake zonse za tsiku lija, ine ndikulavula, ndikupukuta chibwano. Ndinamugwira dzanja n'kumuuza kuti zimenezo zisadzaoneke ndi munthu wina aliyense.

"Ndi za iwe ndi ine basi," anatero, nandipsompsona pachipumi.

*

"Amagwira ntchito yanji mnyamatayo?" amayi anafunsa tsiku limene ndinalimba mtima kuwauza. Tinali patebulo, achimwene atabwera kudzawaona.

"Amapanga makanema aafupi, amayi."

"A malonda, ngati wako uja?"

"Otukwana malonda," achimwene anandilanda mawu. "Ife tikamanga, iye amabwera pambuyo n'kumagumula. Ndinaonako wina wake. Ngolo ya m'sitolo ikungoyenda yokha mumsewu, popanda munthu, popanda mawu, mpaka inagwera m'ngalande. Anthu n'kuwomba m'manja. Ndiye mlamu amene akutibweretsera ameneyu."

"Sanakupempheni chilichonse, achimwene."

"Adzapempha. Munthu wodana ndi sitolo njala ikamupweteka amalowera kuti? Iwe nyumba ino ikudya nkhope yako ndi thukuta langa, ndiye ukatitengere munthu wolavulira m'mbale imene tikudyera?"

Amayi anaika supuni pansi. Chiyambire pamene bambo anamwalira, mawu omaliza m'nyumbamo ndi awo, ngakhale amawalankhula motsitsa.

"Munthu sindimukana ndisanaone ntchito ya manja ake," anatero. "Adzaonetsa liti makanema akewo?"

"Loweruka masana."

"Tikaone. Iwenso upite," anauza achimwene. "Ndikakhutira, abwere kuno adzalankhule zake. Ndikapanda kukhutira, nkhaniyi ithere pomwepo, ndipo sindidzafuna misozi."

Ndinavomera ndi mtima wonse. Ndinkadziwa kuti amayi akangomuona akulankhula za ntchito yake, maso akuwala, amukonda ngati mmene ndinamukondera ine.

*

Kamera amakhala pamwamba pa shopu yomata matayala. Chipinda chake ndi bedi, tebulo, ndi mawaya amene amakukola mwendo ukangolowa. Pawindo anakhomapo bulangete kuti kuwala kusasokoneze zithunzi. Ndipo pampando wake, pafupifupi tsiku lililonse, pamakhala Lumo.

Lumo ndiye amadula ndi kulumikiza makanema ake, n'chifukwa chake anamupatsa dzinalo. Ndi mtsikana wochepa thupi, wometa mpala, wosamwetulira chisawawa. Anadziwana ndi Kamera ine ndisanabwere, ndipo amadziwa pamene Kamera amasunga shuga ndi malaya amene amavala akakhumudwa. Mkazi aliyense amadziwa mnzake akamakonda mwamuna wake. Ine ndinadziwa tsiku loyamba, ndi mmene ankamupatsira kapu osamuyang'ana.

Nditalowa ndi uthenga wanga wabwino, Lumo anatseka kompyuta msangamsanga.

"Mwabwera, asisi."

"Ndabwera. Kapena ndasokoneza?"

"Ntchito sithawa."

Ndinamukumbatira Kamera dala pamaso pake. "Amayi avomera. Akubwera Loweruka, achimwenenso. Akakondwa, basi, njira yatseguka."

Kamera anandifinya, koma ndinamva thupi lake likuuma pang'ono. Lumo anamuyang'ana nthawi yaitali, kenako anatola chikwama chake n'kutuluka osatsanzika.

"Watani mnzakoyu?" ndinafunsa.

"Watopa. Tamvera, wokondedwa. Loweruka ukaonere mpaka kumapeto. Usakaweruze pakati."

"Ukuopa kuti amayi akagona?"

Anaseka, ine n'kuseka naye. Ndikakumbukira kuseka kumeneko ndimafuna kudziluma.

Lachinayi m'mawa foni inalira ndikusita. Uthenga unali wochokera kwa Lumo: "Asisi, Loweruka musabwere ndi amayi. Bwerani nokha, kapena osabwera n'komwe."

Ndinaima ndi simbi m'manja, mkwiyo ukukwera. Ndiye nsanje yake yafika pofuna kunditsekera khomo la ukwati? Ndinayankha: "Zikomo podera nkhawa banja la eni. Mutisungire mipando yakutsogolo."

Anawerenga, sanayankhe. Ndinamva kukoma ngati ndapambana.

*

Makanemawo ankaonetsa m'nyumba ina yakale yosungiramo katundu. Mawindo anatseka ndi makatoni, kukhoma anapachika nsalu yoyera, mipando inali yapulasitiki yobwereka. Munadzaza achinyamata a tsitsi losapesa ndi magalasi akuluakulu. Amayi anavala diresi yawo yabuluu imene amasungira masiku aakulu, ndipo sanabwere chimanjamanja. Anakakamiza achimwene kunyamula makatoni awiri a Tsitsimuka kuchokera m'galimoto.

"Kwa eni sapita manja lende," anatero, nayamba kugawa okha mzere ndi mzere. "Landirani, ana anga. Ndi cha mwana wanga ichi. Uyo ali apoyo, mwamuzindikira?"

Achinyamatawo ankalandira ndi manja awiri, ena akuyang'anizana. Kamera anabwera, nagwada pang'ono popereka moni. Anali atavala malaya amene ndinamusitira ine.

"Ndiwe wamtali," amayi anatero, akumuyeza ndi maso. "Dzanja lako likuzizira. Usaope, sindiluma." Anamupatsa botolo. Lumo anali kumbuyo pa makina oonetsera, ndipo lake analikana.

Anayamba ndi makanema a anthu ena. Woyamba unali wa bambo amene ankamumata timapepala ta mitengo ya katundu thupi lonse, mpaka nkhope inakwiririka.

"Akupuma ameneyu?" amayi anandinong'oneza.

Wachiwiri unali wa mayi wotsegula furiji yopanda kanthu, kutseka, kutsegulanso, nyimbo yosangalatsa ikulira.

"Akangovomereza kuti mulibe, akhale pansi," anatero amayi. Anthu a mzere wathu anaseka, achimwene anapukusa mutu, koma ine ndinaona kuti amayi akusangalala. Ndinayamba kuganiza za mtundu wa makatani a nyumba yathu.

Kenako pansalu panalembedwa dzina la kanema wa Kamera, liwu limodzi lokha: Basi.

Inayamba ndi nyimbo ya Tsitsimuka, imene mwana aliyense amaidziwa, koma anaichedwetsa mpaka inamveka ngati ya pamaliro. Kenako nkhope yanga inadzaza khoma lonse. Amayi anandigwira bondo ndi chimwemwe. Ndinamwa. Ndinamwetulira. Mawu anakuwa kuti basi. Kumwetulira kunagwa ngati nsalu yothothoka pachingwe, ndinawerama, ndipo phokoso la kulavula linamveka m'nyumba monse.

Anthu anaseka. Ndinamwanso, kumwetuliranso, basi, kulavula. Anasekanso, koma pang'ono. Zinapitirira choncho, kubwereza ndi kubwereza, mpaka kuseka kunatha. Chidebe chinkadzaza, thovu lachikasu likuyandama pamwamba. Dzanja la amayi linachoka pabondo langa. Kumapeto ndinaoneka ndikupukuta pakamwa ndi kuseri kwa dzanja, maso ofiira, ndipo ndinamva mawu anga, omveka bwino ngati ndili pambali pa aliyense: "Chimanunkha ngati mankhwala okolopera." Chithunzi chomaliza chinali chikwangwani cha pamphambano chija, ine ndikumwetulira pamwamba pa magalimoto.

Anawomba m'manja mpaka ena anaimirira. Ndinamva mabotolo akuikidwa pansi pa mipando mwakachetechete, limodzi ndi limodzi. Achimwene anali atatuluka kale, foni ili kukhutu.

Amayi sanawombe m'manja. Anayang'ana botolo limene linali pamiyendo pawo, kenako anayang'ana ine.

"Kodi sumameza?"

"Amayi, ndi mmene amajambulira, aliyense amatero..."

"Ine ndimamwetsa adzukulu anga," anatero motsitsa. "Ndimamwetsa abusa akabwera. Ndagawira ana a eni onsewa ndi manja angawa." Anaimirira, nakonza diresi yawo. "Ndikakudikira m'galimoto."

*

Kamera ndinamupeza kuseri kwa nyumbayo, pamasitepe achitsulo, anthu akumugwira chanza. Atandiona anawasiya.

"Waona mmene anthu anakhalira chete?" anayamba. Maso ake ankawala, kuwala komwe kuja ndinkafuna kuti amayi akaone. "Palibe amene adzamwenso chinthu chija osaganiza."

"Unalonjeza."

"Ndikudziwa. Koma sindinaonetse iwe, ndaonetsa bodza. Iwe ndiwe chinthu chokhacho choona m'kanema monsemo. Ndinkafuna amayi ako aone mwana wawo weniweni, osati wa pachikwangwani."

"Amayi anga anandisambitsa, anandipukuta mamina. Sankadikira iwe kuti uwaonetse mwana wawo." Ndinamuyandikira. "Tandiuza chinthu chimodzi. Tsiku lija unandibweretsera madzi, unali utajambula kale?"

Anayang'ana pansi.

"Ndiye unaona kanema kaye, mkazi n'kumuona pambuyo."

"Sizili choncho."

"Achimwene amagulitsa nkhope yanga, koma amandiuza tsiku ndi malo, ndipo ndimapita ndikudziwa. Iwe unaba. Ndi uti mwa awirinu amene ndimuope?"

"Zithunzi za pa chidebezo ndinazichotsa kawiri," anatero mawu ena kumbuyo kwanga. Anali Lumo, atanyamula mawaya paphewa. Sankayang'ana ine, ankayang'ana Kamera. "Kawiri konse anazibwezeretsa ine nditapita kunyumba. Mawu a mankhwala okolopera aja ndinamupempha kuti awasiye. Anati popanda amenewo kanema alibe mano."

"Lumo, izi sizikukukhudza," Kamera anatero.

"Bwanji simunandiuze zonse?" ndinafunsa Lumo.

"Mukanandikhulupirira, asisi? Munandiuza kuti ndikusungireni mipando." Anakonza mawaya aja paphewa. "Ndipo musandiyese woyera mtima. Ndinkafuna mumusiye. Koma osati chonchi, osati pamaso pa amayi anu."

Anatsika masitepe. Chinandiwawa kwambiri n'chakuti mwa anthu onse a tsikulo, amene anandimvera chisoni ndi mkazi amene ndinkadana naye.

*

Titafika kunyumba amayi anatsegula furiji, natulutsa mabotolo onse, nawakhuthulira musinki limodzi ndi limodzi, akutsuka lililonse ngati lidzagwiranso ntchito. Sanandikalipire. Ndikanakonda akanandikalipira.

Pofika Lamlungu kanemayo anali m'foni ya aliyense. Wina anamujambula pansalu paja n'kumutumiza. Popita kukagula buledi, anyamata a pagolosale anandiona, mmodzi anakuwa kuti "basi", onse n'kuwerama kulavula. Mayi woyandikana nafe, amene kale ankandipempha kujambulitsa naye, anandifunsa pampanda ngati mankhwala okolopera ndinawalawapo.

Mauthenga a Kamera ankangobwera. "Ndiyankhe." "Ndinalakwa njira, osati cholinga." "Anthu akukukonda, werenga zimene akulemba." "Ndikonza zonse, uona." Sindinayankhe ngakhale umodzi, koma ndisaname, ndinkawerenga onse, ena kawiri. Chikondi sichizima tsiku limene wachiuza kuti chizime, ndipo ndinkadzida chifukwa cha zimenezo.

Achimwene anangotumiza mawu amodzi: "Konzeka. Akuluakulu a chakumwa akufuna kutiona." Ndinadziwa kuti ntchito yatha, mwina ndi yawo yomwe. Ndinayamba kukonza mawu opepesa.

*

Lachitatu m'mawa achimwene anabwera kudzanditenga. Ndinkayembekeza nkhope yamoto, koma analowa akuimba mluzu, atanyamulira amayi maluwa.

"Amayi, ndinalakwitsa," anatero asanakhale n'komwe. "Mnyamata uja ali ndi mutu."

Amayi anangoika maluwawo patebulo.

"Chiyambire chakumwa chija sichinatchulidwepo ngati sabata ino. M'masitolo chikutha. Ana asukulu akugula kuti adzijambule akulavula, ena akugula kuti aone ngati chikununkhadi. Akuluakulu akusangalala. Akufuna kanema watsopano wa mtundu womwewo, chidebe ndi zonse. Alavule, alavule, kenako botolo lomaliza ameze, atseke maso. Pansi tilembe kuti: Ngakhale iye wagonja." Anaseka okha. "Mnyamatayo abwere adzalankhule zake, amayi. Ine ndachotsa mwendo panjira."

"Kamera sangavomere zimenezo," ndinatero. Ndinadabwa kumva kunyada m'mawu anga. Pa zonse zimene anandilanda, chimodzi chokha chinali chitatsala: ndinkadziwa kuti anandipweteka chifukwa cha chinthu chimene amakhulupirira.

Achimwene anangomwetulira. "Tiye, tachedwa."

Amayi anandiperekeza mpaka pakhomo, maluwa aja akadali patebulo pamene anasiyidwa.

"Ndinati ndikaona ntchito ya manja ake ndiyankha," anatero. "Ndaiona. Koma poti mlongo wako wavomera, sindikhala ine wokutsekera. Ukamufuna, mutenge. Ine ndilibenso mawu pa zinthu zimene sindidziwa kuti zenizeni ndi ziti."

Chilolezo chimene ndinachilirira miyezi yonseyi ndinachilandira nditaima pakhomo, ndipo chinali chozizira ngati madzi a m'mawa.

*

Chipinda cha misonkhano cha kukampani chili ndi tebulo lalitali ndi makoma agalasi. Akuluakulu atatu a chakumwa anaimirira nditalowa, akundiwombera m'manja. Kumapeto kwa tebulo kunakhala munthu wovala tayi. Ndinachita kuyang'ana kawiri: anali Kamera. Tayiyo ndinaizindikira, inali ya achimwene.

"Mlamu, suntha pang'ono mlongo wanga akhale," achimwene anatero, akumusisita paphewa.

Ndinakhala. Kamera anaweramira kwa ine, akununkhira mafuta atsopano.

"Ndinakuuza kuti ndikonza," ananong'ona. "Ntchito yako yapulumuka, achimwene ako andilandira. Ndachitira iwe."

"Nanga bodza lija unkalimbana nalo?"

"Ndilimbana nalo ndili mkati. Ndi kanema mmodzi yekha."

"Lumo ali kuti?"

"Wakana. Akuti sadula zimenezi." Anayesa kundigwira dzanja pansi pa tebulo. Ndinalichotsa.

Mmodzi wa akuluakuluwo anandikumbutsa mwaulemu kuti mgwirizano wanga ndi kampani ukadalipo mpaka chaka chamawa, ndipo kujambula kuyamba Lolemba, wotsogolera ndi bwana Kamera. Kenako anakodola mlembi, amene analowa atanyamula chinthu chokutidwa ndi nsalu nachiika pakati pa tebulo. Anavundukula. Chinali chidebe chatsopano, chachikasu, chonyezimira, ndipo pambali pake anasindikizapo nkhope yanga ikumwetulira. Anati adzapanga zambiri, zopereka kwaulere kwa aliyense wogula katoni.

"Tangoyeserani kamodzi tione," anatero bwanayo, akutsegula botolo n'kundikankhira.

Onse anandiyang'ana. Achimwene anandigwedezera mutu. Ndinatembenukira kwa Kamera, ndikuyembekeza kuti mwina anena kanthu, mwina achita manyazi. Foni yake inali itatsamira kale pa kapu ya madzi, diso lake litaloza kwa ine, kanyali kofiira kakuyaka. Palibe amene anali atanena kuti tiyambe.